Amuna Anayi Atsike

Ndili Fomu 3, bambo anga anayamba kukanika kumeza. Choyamba chinali chinangwa chootcha, chimene ankachikonda kwambiri. Ankati chikumaima pachifuwa ngati mwala. Kenako mbatata, kenako mpunga. Pofika nyengo ya dzuwa ankangomwa phala lamadzimadzi, ndipo nalonso nthawi zina linkabwerera. Anali munthu wamtali, wa mapewa aakulu, woti ankakweza matumba awiri a nandolo panjinga kuchoka kwathu ku Nazombe mpaka kumsika osatsika pachitunda. Miyezi inayi yokha inakwana kuti ayambe kuboola mabowo atsopano palamba wawo ndi msomali.

Kuchipatala cha kwathu anawayeza kangapo, mapeto ake anatipatsa kalata yopita kuchipatala chachikulu cha mumzinda. Anatiuza kuti kumeneko kuli dokotala amene amalowetsa kapaipi kukhosi n'kuona chimene chatseka njira, ndipo nthawi zina amatha kutsegula kuti munthu ayambenso kudya. Koma ntchitoyo ankaigwira Lachitatu lokha, m'mawa basi. Wolemba kalatayo anabwereza kawiri: "Mukafike dzuwa lisanafike pamutu. Mukachedwa mukapeza atatseka." Ambulansi inali ya odwala ogonekedwa. Bambo ankayendabe okha, choncho tinayenera kukwera minibasi.

Mayi sakanatha kupita, anali ndi khanda la miyezi iwiri. Anatumiza uthenga kusukulu yogonera komweko kumene ndinkaphunzira kuti ndibwere ndiperekeze bambo, chifukwa ine ndinkatha kuwerenga Chingerezi cha pazitseko za chipatala.

Panali vuto lina limene aliyense kwathu ankalidziwa. Madalaivala a minibasi sankafuna kunyamula munthu wodwala kwambiri. Ankaopa kuti akawafera m'galimoto, okwera onse abalalika, apolisi awasunga tsiku lonse, ndipo anthu a pasiteji ayamba kuiloza galimotoyo kuti inanyamula maliro. Chaka chomwecho mnansi wathu wina anamubweza katatu pasiteji chifukwa ankachita kumugwira m'khwapa. Ndiye mayi anakonza nzeru. Anawaveka bambo malaya awiri, juzi pamwamba pake, kenako jekete lawo la kutchalitchi, kuti thupi lioneke lodzaza. Anawameta ndevu, n'kuwadzoza mafuta kumaso. Anawapatsa kabotolo kakuda kolavuliramo, koti azikabisa m'thumba la jekete.

"Mukakhale mowongoka," anatero mayi. "Musakatsamire mwanayu. Wina akakuyankhulani, mukayankhe mokweza."

"Amake mwana, ine ndikukakwera galimoto kapena ndikukafunsira ntchito ya usilikali?" anatero bambo.

Tinafika paboma kutangocha, pa njinga ziwiri za kabaza. Kondakitala wa minibasi imene inali kudzaza anali bambo wamkulu ndithu, wa ndevu zoyamba imvi ndi pakamwa posapuma. Atangoona bambo anaomba m'manja.

"Eee, madala! Jekete ndi dzuwa la Okutobala lino? Mukukakwatira kapena?"

"Wachiwiri," anayankha bambo mokweza, monga anawauzira mayi. "Woyambayu wandilola. Uyu ndi mwana wanga, akukandionera ngati mkaziyo amadziwa kuphika."

Minibasi yonse inaseka. Bambo anatenga chikwama chathu m'manja mwanga, n'kuchikweza okha kumbuyo, kuti aliyense aone. Ine ndekha ndinaona kuti atakhala pampando milomo yawo inali itayera, ndipo anapuma kangapo asanathe kuyankhulanso. Komabe mtima wanga unakondwa. Takwera, ndinaganiza choncho. Chovuta chatha.

Tinapanikizana anayianayi pampando uliwonse, ena atakhala pamwamba pa injini kuseri kwa dalaivala, atayang'ana kumbuyo, mawondo awo atalowa pakati pa athu. Tinayenda msewu wafumbi, phiri lili kumanzere kwathu, mpaka tinafika pamene phula limayambira. Pamenepo dalaivala anaponda moto.

Masiku amenewo apolisi a pamsewu anali atangoyamba kugwiritsa ntchito kamera yoyezera liwiro. Kanali kachipangizo kakuda kooneka ngati tochi yaikulu, koikidwa pa miyendo itatu. Wapolisi mmodzi ankabisala nako kumapeto kwa chitsetso, anzake n'kumadikira chapatsogolo kuti aimitse galimoto. Akaimitsa sankayang'ana liwiro lokha, ankawerenganso mitu ya anthu. Malo ankasintha tsiku ndi tsiku, choncho madalaivala anapanga njira yawo youzirana. Ine ndinkakonda kukhala pafupi ndi kutsogolo popita ndi pochokera kusukulu, ndipo zizindikirozo ndinazilemba kumapeto kwa kope limene ndimalembamo zondichitikira. Galimoto yochokera kutsogolo ikaphethiritsa magetsi kawiri, ndiye kuti kuli apolisi. Dalaivala wake akatulutsa dzanja n'kuloza pansi, ndiye kuti ali pafupi, kuseri kwa chitunda chotsatira. Akaika chibakera padiso ngati akusuzumira mupaipi, ndiye kuti ali ndi kamera. Akangogwedeza chikhatho chotambasula, njira ndi yoyera. Ndinkanyadira kuti ndikudziwa chiyankhulo chimene okwera ambiri sankachiona n'komwe.

Tsiku limenelo ndinachiona ndine woyamba, mwina dalaivala asanachione. Minibasi yofiira yochokera kumzinda inaphethiritsa kawiri. Dzanja linatuluka, chibakera padiso, kenako chala pansi. Dalaivala wathu anayankha ndi hutala, n'kuyamba kuponda mabuleki. Anakhotera kumbali, pansi pa mtengo wa bulugamu.

"Abale anga, kutsogoloku kuli azibwana," anatero kondakitala uku akutsegula chitseko. "Tachuluka ndi anthu anayi. Amuna anayi atsike, ayende pansi pang'ono. Mukadutsa apolisiwo pali mlatho, kuseri kwake pali mtengo wa mango. Mutipeza pamenepo. Osayenda pagulu, osawayang'ana. Muziyenda ngati kwanu ndi konkuno."

Palibe anadabwa. Umu ndi mmene zinkakhalira, ndipo lamulo lake linali lodziwika: amayi, ana, nkhalamba ndi odwala amakhala, amuna amphamvu amatsika. Atatu a pa injini aja anatsika osadikira kuuzidwa. Kondakitala anayendetsa maso m'minibasi. Amuna otsala anali agogo ena a ndodo, m'busa wovala kolala, mnyamata wa pulasitala kumwendo, ndi bambo anga.

"Akwati!" anafuula kondakitala. "Inu ndiye muli ndi mphamvu zosungira akazi awiri. Tatsikani muwongole miyendo, mukafike kwa apongozi magazi akuyenda."

Anthu anasekanso. Ine ndinatsegula pakamwa, koma bambo anandifinya bondo mwamphamvu mpaka ndinamva kuwawa. Ndinamvetsa. Tikanena kuti akudwala, funso likanakhala lakuti akudwala chiyani, nanga bwanji tinabisa, ndipo mwina akanatitsitsa tonse osatidikiranso. Akatsika, ndi kamtunda kochepa chabe.

"Ndikutsika, achimwene," anatero bambo. "Koma mpando wangawu musagulitse."

Nditanyamuka kuwatsatira, kondakitala ananditchinga ndi mkono. "Asisi, inu khalani. Ndati anayi, sindinati asanu."

"Ndikufuna kukodza," ndinanama, n'kupita pansi pa mkono wake. Kalata ya kuchipatala inali m'jumbo pachifuwa panga. Chikwama chinatsala m'galimoto.

Minibasi inanyamuka pang'onopang'ono ngati yonyamula mazira. Amuna atatu aja anatayana, wina tsidya lino, wina tsidya linalo. Ife tinatsalira. Kutsogolo kwathu kunali chitunda chachitali, ndipo phula linali litayamba kale kunyezimira ndi kutentha.

Poyamba bambo ankayenda bwino, manja m'thumba. Ankandifunsa za sukulu, ngati mphunzitsi wa masamu uja anasiya kutikalipira. Titafika pakati pa chitunda anasiya kufunsa. Anaima, natulutsa kabotolo, nalavula. Anayendanso mapazi ngati makumi awiri, naimanso. Thukuta linkatsika m'khosi mwawo n'kumanyowetsa kolala ya malaya onse awiri.

"Ababa, vulani jekete."

"Ationa."

"Minibasi yapita kale, palibe akutiona."

Ndinawavula jekete ndi juzi. Mkono wawo nditaugwira, zala zanga zinakumana. Ndinali ndisanawagwire kuyambira ndili mwana, ndipo sindinkadziwa kuti afika pamenepo.

Mmodzi wa amuna atatu aja, wonyamula nkhuku m'khwapa, anacheuka n'kubwerera pang'ono. "Bwanji madalawo?"

Apa ndi pamene ndinalankhula, ndipo mpaka lero sindidziwa ngati ndinachita bwino. "Akudwala," ndinatero. "Tikupita kuchipatala, akufunika afike usanakwane masana. Chonde mukawauze adalaivala atidikire. Mukawauze kuti akudwala kwambiri."

Munthuyo anayang'ana bambo kuyambira kumutu mpaka kumapazi. "Nanga anatsikiranji?" anafunsa. Sanadikire yankho. Anati akawauza, nathamangira kutsogolo, nkhuku ikulira.

Pamwamba pa chitunda bambo anakhala pansi, pamwala wa m'mbali mwa msewu. Kumunsi ndinkaona zipewa zoyera za apolisi, galimoto yawo ili pamthunzi, ndi mlatho chapatsogolo. Bambo anayamba kuyankhula Chilomwe, chimene ankayankhula ndi amayi awo okha, omwe anamwalira kalekale. Ine Chilomwe ndimangomva pang'ono. Ndinamva mawu oti madzi, ndi oti miyendo.

"Khalani pompano," ndinatero. "Ndikaimitse galimoto ndibwere."

Ndinathamanga. Ndinaiwala zoti ndiyende ngati wa konkuno. Ndinadutsa wapolisi wa kamera, ndinadutsa anzake, ndinawoloka mlatho. Pansi pa mtengo wa mango panalibe minibasi. Panali mayi wina wogulitsa tomato, ndipo pambali pa dengu lake panali chikwama chathu, chitaimikidwa bwinobwino.

"Ndi chako?" anafunsa mayiyo. "Anadikira pang'ono ndithu. Kenako kunabwera wa nkhuku, anayankhula nawo. Kondakitala anangotsitsa ichi, nati mwini wake abwera."

Ndinanyamula chikwamacho pamutu n'kubwerera. Sindinalire. Ndinkangoyang'ana mthunzi wanga pansi, kuona kuti wafupika bwanji.

Amene anandiimitsa anali wapolisi wamkazi, wonenepa, wa mawu aakulu. "Iwe mtsikana, wathamanga kupita uku, ukubwerera ndi katundu. Mwatsika m'minibasi yoyera ija, eti?"

Ndinatula chikwama pansi.

"Usaope. Timakudziwani nonse. Munthu wa m'mudzi muno sayenda pamsewu atavala nsapato zopolisha. Tsiku lonse timangoonera anthu akudutsa apa atayang'ana kumwamba ngati akuwerenga mbalame."

Ndinamuonetsa kalata. Anaiwerenga, nayang'ana wotchi yake, naitana mnzake. Apolisi awiri anakwera chitunda n'kubwera ndi bambo atawagwira mbali ndi mbali. Anawagoneka pamthunzi pafupi ndi galimoto yawo, jekete lili kumutu. Galimoto yawoyo sakanatha kuchoka nayo, inali yoti iwatenge onse madzulo, ndipo dalaivala wake anali atapita ndi makiyi kukagula chakudya kumsika wina.

"Tikupezerani malo," anatero wapolisi wamkaziyo. "Apa galimoto iliyonse imaima."

Zinkaimadi. Koma minibasi iliyonse inkafika pang'onopang'ono, anthu ali ndendende mmene lamulo limanenera, popanda mpando ndi umodzi womwe wotsala. Onse anali atachenjezedwa, onse anali atatsitsa owonjezera kuseri kwa chitunda. Wapolisiyo ankasuzumira, n'kuwerenga, n'kupukusa mutu.

"Ndikawakweza awiriwa, ndiye kuti ine ndemwe ndadzaza galimoto mopyola," anandiuza. "Ndipo akangodutsa mlathowo akwezanso anayi ena pamwamba pawo."

Anayesa kupempha. "Alipo angasiye malo kuti wodwala akwere?" Anthu ankayang'ana pawindo la mbali inayo. Mu minibasi yachitatu mnyamata wina wa sukulu ananyamuka, koma dalaivala atasuzumira n'kuona bambo atagona pansi, anati, "Bwana, ndilembereni mlandu uliwonse umene mukufuna, koma amenewo ayi. Galimotoyi ndi ya eni ake." Wapolisiyo anamutukwana, koma anamulola kupita.

Nthawi yonseyi amuna otsitsidwa ankadutsa m'mbali mwa msewu, mmodzimmodzi, manja kumbuyo. Ena ankaba diso kuyang'ana bambo. Wapolisi wa kamera uja, atatopa ndi kusagwira munthu, anandiitana kuti ndisuzumire. Ndinaona kadontho kofiira pamphuno pa lole imene inkatsika chitunda, ndi manambala akusintha pansi pake. "Waona?" anatero. "Onse ndi angelo lero. Akauzana, ife timangowotha dzuwa." Ndinamufunsa ngati sangabisale malo ena kuti agwire mmodzi. Anaseka, nati ndidzakhale wapolisi.

Ndinayesa kuwamwetsa bambo madzi ndi chivindikiro cha botolo. Zivindikiro ziwiri zoyamba zinatsika. Chachitatu chinabwerera.

Dzuwa linali litafika pamutu pamene galimoto yaing'ono yabuluu inatulukira pachitunda ikuuluka. Wa kamera anafuula nambala, anzake analumphira pamsewu. Mwini wake anali bambo wa magalasi, wovala tayi, wolankhula Chichewa cha kuchigawo chapakati. Wapolisi wamkazi uja anamulembera chikalata cha mlandu, kenako anamulozera bambo.

"Mlandu wanu ndi uwu, mukayankha. Koma poti mumakonda kuthamanga, thamangani ndi awa. Kutsogoloku kulibenso kamera."

Bamboyo anang'ung'udza, koma anayala nyuzipepala pampando wakumbuyo n'kutithandiza kuwakweza. Tili m'njira anayamba kudandaula yekha. "Galimoto zonse zimandiphethirira magetsi kuyambira uko. Ine ndimvekere, anthu a kuno ndi aulemu bwanji, ndikumawayankha ndi dzanja."

Ndinamufotokozera zonse, za magetsi, za chala, za chibakera padiso. Anandiuza kuti ndibwereze. "Ndiye mwana wa sukulu ukudziwa zimenezi, ine woyendetsa galimoto zaka zonsezi ayi?" anatero. Kenako anayang'ana pagalasi, naona bambo atatseka maso. Anayendetsa mwaliwiro ndithu, n'kutifikitsa pakhomo penipeni pa chipatala.

Zitseko ndinaziwerenga bwinobwino, sindinasochere ngakhale kamodzi. Bambo ndinawakankha panjinga ya odwala imene mlonda anatibwereka. Titafika pachipinda cholembedwa m'kalatamo, mabenchi anali opanda munthu, ndipo mayi wina ankakolopa pansi. Namwino anatuluka m'chipinda choyandikana nacho. Anawerenga kalata, nayang'ana bambo nthawi yaitali.

"Adokotala atuluka kalekale, zipangizo azitsuka kale," anatero mofatsa. "Mwachokera kuti?"

"Ku Phalombe."

"Mayo ine. Mukanafika ngakhale ola limodzi lapitalo." Anatsegula buku lake lalikulu. Lachitatu lotsatira linali lodzaza. Anatilemba la sabata inayo, nawaika bambo diripi imodzi pabenchi pomwepo kuti apezeko mphamvu, natiuza kuti tiziwapatsa phala losefa pang'onopang'ono.

Tinagona kwa msuweni wa mayi amene ankakhala mumzindamo. Anatiuza kuti tikhale konko mpaka tsikulo, koma nyumba yake inali chipinda chimodzi cha anthu asanu, ndipo bambo anakana. Anati akufuna akaone khanda lawo. M'mawa mwake mwamuna wa msuweniyo anatipezera lole yopita kwathu kukatenga nandolo, tinakwera kumbuyo pa matumba opanda kanthu.

Mayi sanandikalipire. Anandifunsa kamodzi kokha kuti zinayenda bwanji, ndinawauza zonse, ngakhale za munthu wa nkhuku uja. Kenako anati, "Ndine ndinawaveka." Ine ndinati, "Ndine ndinaulula." Bambo ali pamphasa anati tonse tisiye zopusa, anatsika okha ndi miyendo yawo.

Patapita nthawi ndinafunsa aphunzitsi athu a sayansi ngati kapaipi kaja kakanawachiritsa. Anandiuza zoona, kuti matenda otere nthawi zambiri sachira, koma mwina akanatha kudya kwa miyezi ingapo. Miyezi ingapo akanaona khanda likukwawa. Akanadyanso chinangwa chawo.

Lachitatu lachiwiri lija litafika, mayi anatenthetsa madzi m'mamawa, ine ndinaitana akabaza awiri. Bambo anadzuka pamphasa atagwira khoma. Anayenda mpaka pakhomo, natuluka pakhonde, nayang'ana njinga zija. Kenako anatsetsereka pang'onopang'ono ndi chipupa mpaka anakhala pansi.

"Anyamata, pepani, takudzutsirani pachabe," anatero kwa akabaza aja. Bambo anauza mmodzi kuti abwerere. Winayo anamuuza kuti adikire.

"Uyu atenge iwe," anatero kwa ine. "Upite kusukulu. Watsalira sabata ziwiri."

"Ababa, ndikhala."

"Ukhala kuti uzitani? Kusefa phala amako akudziwa. Kavale yunifolomu."

Ndinavala. Anandiuza kuti ndiime patsogolo pawo, nandiyang'ana, nati siketi yafupika, amako akaifutukule ukadzabwera. Ndinakwera njinga. Patatha masiku asanu ndi limodzi, tili m'kalasi ya jogalafe, ndinaona pawindo amalume anga akulowa pageti la sukulu, chipewa chili m'manja.